Khomo la Eni Tchire

Iwe wanenawe, tabwereza ndimve bwino. Akuti kusiya chitsime dzuwa likadalipo, madzi alimo, n'zopusa za anthu akale? Sonkheza motowo mcherewu uume, kenako utseke pakamwa ndikuuze zimene nzeru za anthu amakono zinachita m'nyumba mwanga. Inu mwakwatiwa kuno dzanadzanali, mwapeza mjigo uli kale pasukulu, ndiye mukuona ngati madzi ndi chinthu chongopukusa chitsulo.

Kuno kuchigwa ludzu sitichita kuuzidwa. Ikafika Okutobala mtsinje wa Nyadzuwa umasanduka msewu wamchenga, mitengo ya tsanya imayoyola masamba onse, dothi limang'ambika mpaka anapiye kumagweramo. Nthawi imene ndikunenayi mjigo kunalibe. Madzi a anthu, a ziweto ndi a nyama zakutchire anali pamalo amodzi, patsinde pa mkuyu waukulu uja, pamene timafukula mchenga chaka ndi chaka.

Mwachiona chitsimecho kuti chili ndi mbali ziwiri. Mbali ya kumudzi ndi yoima, timatsikira pamiyala. Mbali ya kutchire imakumbidwa motsetsereka, kuti ngakhale kamwana ka gwape katsike, kamwe, kakwerenso osathyoka mwendo. Mbali imeneyo ndiyo khomo la eni tchire. Malamulo ake ngosavuta. Khomo limakumbidwa poyamba, munthu asanalawe ngakhale dontho. Mthunzi wa mkuyu ukawoloka mchenga n'kukhudza gombe la kutsidya, umasenza mtsuko wako n'kuchoka, kaya wadzaza kaya sunadzaze, chifukwa nthawi yotsalayo ndi ya anzathu. Ndipo pamadzi satcherapo msampha. Ngakhale mlenje wankhuli chotani amadziwa kuti nyama imene yabwera kudzamwa siiphedwa.

Eni tchirewo ndani? Musandifunse ine. Ena amati ndi nyamazo, ena amati ndi amene amaweta nyamazo. Ine ndikuuzani zimene ndinaona basi.

Ntchito yokumba khomo inali ya kubanja kwa amuna anga, a Zuze. Anawasiyira ndi bambo awo, pamodzi ndi kakhasu ka mpini waufupi. Zaka zambiri ankaigwira, mong'ung'udza inde, koma ankaigwira. Chinawawononga ndi ng'ombe. Atasiya ntchito yodula nzimbe anagula ng'ombe, ndipo kuchokera tsiku limenelo m'mutu mwawo munatsala ng'ombe zokhazokha. Munthu ankadzuka n'kukalonjera kukhola asanandifunse ine kuti ndadzuka bwanji.

Chaka chimenecho mvula inathawa mapira asanache. Madzi m'chitsime anatsika msanga, ndipo ng'ombe zikafika m'mawa zinkapeza njiri zitavundula kale matope. A Zuze anayamba kubwera kunyumba akutukwana.

"Ine ndizikumba thukuta lili kamukamu kuti njiri zizisamba? Zinandilemba ntchito njiri zimenezi?"

"Bambo a Lufina, madzi aja si anu nokha," ndinatero.

"Si anga? Khasu ndi la yani? Msana ukuwawawu ndi wa yani? Eni tchire akowo abwere ndi makasu awo adzakumbe."

Mawa lake anadula nthambi za mthethe, zija za minga yoyera yaitali, n'kutchinga mbali yonse ya kutchire. Khomo analikwirira ndi mchenga. Anthu m'mudzi anangonong'onezana, koma wowadzudzula pamaso sanapezeke. Ngolo m'mudzi muno inali ya a Zuze yokha, ndipo aliyense ankaganiza za thonje lake kuti adzanyamulira chiyani. Paja khoswe akakhala pamkhate sapheka. Amuna athunthu, andevu zawo, anangoti zii chifukwa cha ngolo.

Ndikapita kotunga m'mawa ndinkaona zimene zachitika kuseri kwa mingayo. Mapazi a nswala, a mbawala, a anyani, onse akupita uku n'kubwerera uku, mpaka anapanga njira yawoyawo m'mbali mwa mpandawo. Paminga pankakhala ubweya ndi timagazi touma. Tsiku lina ndinapeza nkhanga itafa ili chikhalire, mlomo uli yasa, madzi ikuwaona. Ndinawauza a Zuze. Anandifunsa kuti bwanji sindinaitole tidye.

Koma choipitsitsa anachichita mwakachetechete. Anatsegula kampata kakang'ono pampanda paja, n'kumangirirapo khwekhwe la waya wa mabuleki a njinga. Kutseka khomo ndi nkhanza, tonse tikudziwa. Nanga kulitsegula pang'ono kuti waludzu aone ngati wamuchitira chifundo, iwe utamutchera waya pakhosi, tikutche chiyani? Ine ndimakutcha ufiti, ngakhale munthuyo ndinagona naye mphasa imodzi.

Masiku omwewo mwana wathu Lufina anali kwathu kuno. Anabwera kudzachira mimba yake yoyamba, mwamuna wake ali kutali ku Mozambiki kumaganyu. Mwa ana onse amene ndinabereka, amene anakula ndi Lufina yekha, ndiye mungadziwe nokha mmene ndinkaidikirira mimba imeneyo. Anachira bwino, mwana wamwamuna, wonenepa, woyamwa mwaukali. Mkaka unali wochuluka mpaka unkanyowetsa nsalu. Dzina tinali tisanamupatse, tinkadikira mawu ochokera kwa bambo ake.

Lufina atangotuluka m'chikuta, m'mawa wina a Zuze anatulukira akukankha njinga, pakaliyala atamangapo nswala.

"Mayi a Lufina, nayi ndiwo ya ntchembere yatsopano. Amwe msuzi, mkaka uchuluke."

Ndinayandikira. Inali yaikazi. Pakhosi waya anali atadula mpaka mnofu kuoneka. Mawondo ake akutsogolo anali ndi matope, koma pakamwa panali pouma gwa, kusonyeza kuti inagwada koma madzi sinawafike. Bere lake linali lodzaza, mkaka ukudontha pa tcheni cha njinga.

"Mwaipha kuti imeneyi?"

"Kutchire. Nswala imakhala kuti?"

"Matope awa kutchire aliko mwezi uno? Nanga kamwana kake kali kuti?"

"Kathawa. Ndikanakagwira tikanadya konse."

Ndinakana kuiphika, ndinakana ndi mphika wanga womwe. Iwo anakaisenda kuseri kwa khola, anzawo aja a zii n'kubwera ndi mipeni. Ine nditapita kotola nkhuni, anatunga msuzi m'mbale n'kukamupatsa Lufina. Mwana wanga sankadziwa kumene nyamayo inafera. Bambo ake amupatsa chakudya, akanakana bwanji? Ndinabwera n'kupeza mbale ili mbee.

Zinayamba ndi mitsuko. Madzulo ndinaidzaza ndekha n'kuivindikira. Kutacha ndinapeza zivindikiro zili m'malo mwake, koma m'kati muli gwa, ngati simunalowepo madzi chiumbireni. Ndinaigogoda kuti mwina yang'aluka, ayi ndithu, ndipo pansi pake panali pouma. Ndinawafunsa a Zuze ngati anamwetsa ana a ng'ombe. Anati ndakalamba, ndayamba kuiwala kuti sindinatunge.

Kenako zikho zinayamba kusowa. Lero ichi, mawa icho, mpaka tinkamwera m'mbale. Ndinakazipeza kuchitsime, kuseri kwa mpanda wa minga, zitandandalikidwa pamchenga mzere umodzi, zonse zoyang'ana kumwamba ngati zikudikira wozithira madzi. Sindinazitole. Ndinangodzaza mtsuko wanga n'kubwerera.

Galu wathu anasamukira kwa aneba. Ndikamuitana ankafika pamalire a bwalo, n'kukhala pansi, n'kumalira chapansipansi akuyang'ana kanyumba ka Lufina. Ndiye nyenje. Mukudziwa mmene zimasokosera mwezi umenewo, mpaka m'makutu kuwawa. Pabwalo pathu pokha zinasiya. Ukaima panjira unkazimva mbali zonse, ukangolowa pakhomo pathu, zii, n'kumamva kupuma kwako komwe.

M'mawa wina ndikusesa ndinaona timapazi. Tiziboda tiwiritiwiri tosongoka, tating'ono ngati chala chachikulu cha kumanja. Tinachokera kunjira ya kuchitsime, tinazungulira kanyumba ka Lufina, n'kukathera pachitseko penipeni. Totuluka panalibe. Ndinatisesa msangamsanga mwana wanga asanatione. Kutacha tinaliponso.

Apa n'kuti khanda litayamba kulira kosalekeza. Ndinalowa n'kumupeza Lufina atakhala pamphasa, maso ali psuu.

"Bwanji osamuyamwitsa mwanayu?"

"Amayi, mulibe."

"Mulibe bwanji? Dzana lomweli umanyowetsa nsalu."

"Amadzaza, amayi, mpaka kuwawa. Koma ndikangoti ndimuike mwana, tulo timandigwira. Ndikadzidzimuka ndimapeza afota, mwana sanayamwe." Anatsitsa mawu. "Ndimamva kamphuno kozizira apa. Kamagunda ndi mutu, kamakoka mwamphamvu. Si mwana wanga ameneyo, amayi. Wanga sakoka choncho."

Ndinamuvula nsalu ya pachifuwa n'kupita nayo powala. Inali ndi ubweya waufupi, wofiirira. Mkaka wa mwana wanga sunaume ayi. Panali wina amene ankayamba kuyamwa.

Ndinayesa zonse zimene mayi angayese. Ndinasamukira m'kanyumbamo kuti ndizilondera, koma nane tulo tinkandigwira ngati wina wandiphimba kumaso ndi chikhatho. Ndinamupititsa Lufina kukagona kwa aneba, timapazi tinamutsatira komweko, anebawo n'kutipempha mwaulemu kuti tibwerere kwathu. Ndinayesa mkaka wa mbuzi pa supuni, mwana anasanza. Ndinapempha ngolo kuti tipite kuchipatala, a Zuze anati ng'ombe zafooka, sizingayende padzuwa. Ng'ombe! Tinapita wapansi, ine nditabereka mdzukulu wanga. Anamwino anatilandira bwino, anamuyeza Lufina, anati sakupeza vuto, azidya, azimwa madzi ambiri, aziyamwitsa pafupipafupi. Anatipatsa mkaka wa m'chitini. Mwana anaulandira pang'ono tili pomwepo, tisanafike n'komwe pamsewu anaubweza wonse.

Pobwerera dzuwa linali paliwombo. Njira ija ya pakati pa malambe inali yopanda munthu, mpweya ukuchita kuvina pamwamba pa dothi. Patsinde pa mlambe wina panaima mayi. Sitinamuone akubwera, tinangoona waima. Anali wamtali, wowonda miyendo, nsalu yake yofiirira ngati dothi lomwelo, ndipo pakhosi anali atakulungapo chinsanza, kutentha konse kuja. Kumaso sindinathe kumuyang'ana nthawi yaitali. Ndimangokumbuka kuti maso ake anali aakulu ndipo sankaphethira.

"Zikomo, mayi," anatero. Mawu ake anali osasa, otuluka movutikira. "Muli ndi timadzi?"

Waludzu samanidwa. Ndinamupatsa botolo lathu. Analigwira ndi manja awiri n'kuliika pakamwa, koma madzi ankangotsikira pachibwano mpaka pachifuwa.

"Sakutsika," anatero. "Pakhosi pano pamangika."

"Ndinu a kuti, mayi?" ndinafunsa.

"A pompano. Munatipeza."

Anasuzumira kumsana kwanga kumene kunali mwana. Lufina anandigwira dzanja, zikhadabo zake mpaka kundilowa.

"Wanuyu ali ndi amake," anatero mayi uja. "Wanga akungoyendayenda. Akayamwe kuti?"

"Mwanayu sanakulakwireni," ndinatero. "Ngakhale dzina alibe."

"Wanganso analibe." Anandibwezera botolo. "Mukawauze bambo aja. Anatseka okha, akatsegule okha."

Pomwepo kunadzuka kamvulumvulu, fumbi n'kutilowa m'maso. Titatsegula maso, patsinde pa mlambe panalibe munthu. Pamene panatayikira madzi paja panali pouma. Tinayenda osacheuka mpaka kunyumba.

Ndinawapeza a Zuze akuchotsa nkhupakupa pa ng'ombe. Ndinawauza zonse, mawu ndi mawu. Anaseka, koma kuseka kwake kunali kwa mano okha.

"Dzuwa lakuphikani mutu. Wamisala wina wakupemphani madzi, basi mwati mzimu."

"Kachotseni minga ija, bambo a Lufina. Kakumbeni khomo. Ndikugwadirani."

"Ng'ombe zanga zife chifukwa cha maloto a akazi? Mwana akadwala ndi nkhani ya kuchipatala. Mwapitako, akuuzani. Azimwa madzi ambiri."

"Madzi ake ati? Mitsuko ikuuma yokha m'nyumba mwanu!"

Anangopitiriza kuchotsa nkhupakupa. Ndinatenga chikwanje n'kupita ndekha kuchitsime. Ndinakoka nthambi zija mpaka manja onse magazi, ndinafukula mchenga ndi mbale mpaka mthunzi unawoloka. Madzulo omwewo bamboyo anapita kukabwezera nthambi iliyonse m'malo mwake, n'kuwonjezera zina. Pobwera anandiuza kuti ndikadzakhudzanso mpanda wawo ndidzapita kwathu.

Chimene chimandiwotcha mtima mpaka lero n'chakuti ankadziwa. Musaganize kuti sankakhulupirira. Anali atasiya kugona m'nyumba, ankagona kukhola pakati pa ng'ombe. Milomo yawo inali itang'ambika, ankamwa madzi osaleka koma ludzu osatha. Poyenda ankangocheukacheuka ngati wina akuwatsata pambuyo, ndipo tsiku lina ndinawamva kuseri kwa khola akuti, "Choka! Choka iwe!" pamalo popanda mbuzi kapena galu. Ankadziwa bwinobwino. Koma anali atadzitama pabawo kuti iwo ndi amene athetsa mantha a makolo, ndiye akatsegule khomo anzawo aziti chiyani? Anaika manyazi awo mbali iyi, mdzukulu wawo mbali iyo, manyazi n'kulemera.

Kenako mwana anasiya kulira. Inu amene muli ndi makanda, muziopa tsiku limenelo kuposa tsiku lolira. Liwombo linalowa m'kati, khungu la pamimba ukalitsina linkangokhala chitsinire. Ankatsegula pakamwa ngati kambalame, mawu osatuluka. Lufina anali atangokhala, akuyang'ana khoma.

Ndinamunyamula mwanayo osamukulunga n'komwe. Ndinadutsa pakati pa mudzi mpaka pansi pa mtengo pamene amuna ankasewera bawo. Onse analipo, odya nswala aja. Ulemu ndinausiya kunyumba. Ndinakankha bawolo ndi phazi, nkhomo zonse n'kumwazika, ndipo ndinamuika mwana pamiyendo pa a Zuze.

"Nayu. Muyamwitseni inuyo."

"Mayi a Lufina, mwapenga? Pagulu pano?"

"Ee, pagulu pano! Pagulu pomwe pano ndi pamene munadzitama. Muyamwitseni! Kapena mumupatse ng'ombe zanu zimuyamwitse. Ndipo inu nonse mwakhala apa, msuzi uja unakoma? Tayang'anani zimene munadya. Musayang'ane pansi, a Chapepa, inu ndi amene munatenga mwendo wonse. Yang'anani kuno!"

A Zuze anafuna kundibwezera mwanayo, ndipo pomunyamula ndi pamene anamva kupepuka kwake. Ndinaona nkhope yawo ikusintha. Anali asanamunyamulepo kuyambira tsiku la nswala lija, ankangomumvera kutali. Anamuyang'ana paliwombo, anayang'ana timanja take. Anaimirira pang'onopang'ono.

Lufina anali atanditsatira. A Zuze anamupatsa mwanayo, anapita kukalowa m'nyumba, anatuluka ndi kakhasu ka bambo awo kaja. Ndinamuuza Lufina kuti abwerere kunyumba akakhale ndi mwana pachifuwa, ine ndinawatsatira bambowo. Sindinkawakhulupirira. Ndinkafuna ndione ndi maso anga.

Anayamba kukoka nthambi ndi manja, minga ikuwalasa, osaima. Ndiye ndinaona kuti khwekhwe silinali limodzi. Anamasula lina apa, lina apo, lina pansi pa nthambi, mawaya mpaka kudzaza dzanja. Ndinawatukwana pamenepo mawu amene sindingawabwereze pamaso pa ana inu. Anagwada n'kuyamba kukumba.

Mchenga unali wotentha, ndipo unkagumukira m'mene akumbamo. Mthunzi wa mkuyu unkayenda. Ndinauona ukufika pakati pa mtsinje, ukupitirira, mpaka unakhudza gombe la kutsidya, khomo lisanathe.

"Mthunzi wawoloka," ndinatero.

"Ndauona."

Anapitiriza kukumba. Ine ndinaima mbali ya kumudzi, miyendo ikufuna kuthawa koma mtima ukukana. Tchire lonse linali chete. Pakati pa mitengo ya tsanya kutsidyako panali poyera, masamba kulibe, ukanatha kuona patali. Komabe ndinkadziwa kuti pali amene aima pamenepo, ambiri, aatali ndi aafupi. Ukayang'ana mwachindunji unkaona mitengo yokha. Ukayang'ana kumbali, m'ngodya ya diso, mitengoyo inkachuluka kuposa mmene ndimaidziwira. Fungo la khola la nyama zambiri linadzaza mumtsinje monse, mphepo kulibe.

A Zuze anasalaza potsetsereka paja ndi zikhatho, monga ankachitira bambo awo, n'kubwerera chafutambuyo mpaka pamene ndinaima ine. Tinadikira.

Pamchenga wosalazidwa uja panaoneka kaphazi. Kenako kena patsogolo pake. Tinkangoona mchenga ukubonyoka wokha, timapazi tikutsika, tikuima, tikutsikanso. Pambali pake panayamba kuoneka ena aakulupo, oyenda mosamala. Atafika pamadzi, mchenga unabonyoka malo awiri ngati pagwada chinthu. Madzi anayamba kuchita timizere tozungulira, ndipo ndinamva ndi makutu angawa kumeza. Kumeza kwa pakhosi pamene pamasuka. Kunatenga nthawi yaitali.

Mwadzidzidzi nyenje zonse zinayamba kulira nthawi imodzi. A Zuze anagwa chokhala pamchenga n'kubisa nkhope. Ine sindinawayang'anenso. Ndinathamanga.

Ndisanafike pabwalo ndinamva mawu a Lufina.

"Amayi! Amayi, wabwera! Mkaka wabwera!"

Galu anali atabwerera, ali pakhonde. Ndinalowa m'kanyumba muja. Lufina anali pamphasa, bulauzi yonse yanyowa, mkaka ukuyenderera pamimba mpaka pamphasa. Anali akuseka, misozi ikutsika, akumuika mwana bere pakamwa.

"Taonani, amayi, wochuluka! Koma sakugwira. Tamuuzani agwire. Iwe, gwira, ndi wako yekha tsopano. Amayi, bwanji sakugwira?"

Mkaka unkadzaza m'kamwa mwake n'kumatayikira m'mbali mwa tsaya. Ndinagwada, ndinaika dzanja pachifuwa pake. Anali akadali wofunda. Ndinadikira pansi pa chikhatho changa kuti mwina pagunda kanthu. Ndinadikira ndithu.

Mwana wotero mukudziwa mwambo wake. Amati wabwerera. Timakamuika amayi okhaokha, dzenje losaya, popanda nyimbo, ndipo salola kulira mokweza. Anandigwira pakamwa amayi anzanga pamene ndinafuna kukuwa. Anthu omwe aja amene anakhala chete pamene khomo linkatsekedwa, tsopano ankandiuza ine kuti ndikhale chete.

Eni tchire nawonso ndili nawo mawu, ndipo ndimawanena ndikapita kotunga, amve. Anali ndi mlandu wawo, sindikana. Koma wotchera waya ankamudziwa, ankagona kukhola yekhayekha, bwanji sanamugwire iyeyo pakhosi? Ludzu lawo ndinalimva, chisoni chawo ndinachimva, koma anakatenga malipiro kwa munthu amene sanapondepo n'komwe pansi.

Chichokereni chaka chimenecho a Zuze amakumba khomo mvula ikangosiya, munthu asanawakumbutse. Akapeza msampha pafupi ndi mtsinje amauzula n'kukautaya m'chimbudzi. Nswala zinabwerera, nkhanga zinachuluka, chitsime sichinaphwepo. Alendo oona za nyama akabwera amawagwira chanza, amawajambula ataima pamkuyu, akuti bambo osamala zachilengedwe. Iwo amangoyang'ana pansi. Akudziwa kuti ine ndili pomwepo ndipo ndikudziwa mtengo wake wa nzeru zimenezo.

Mkaka wa Lufina sunasiye msanga. Unkabwera m'mawa ndi madzulo, mabere kutupa mpaka kutentha thupi, chifukwa thupi silidziwa kuti mwana wapita. Ndinkapita naye kuseri kwa nyumba, n'kumugwadika, n'kumufinya ndi manja angawa, iye ataluma nsalu kuti asalire. A Zuze ankakhala pakhonde, khoma lokha pakati pathu, ndipo pabwalo pankakhala bata moti ankamva mkakawo ukugwa padothi. Tsiku loyamba anadzuka kuti achoke.

"Khalani pomwepo," ndinawauza. "Mumve."

Anakhala. Ndipo ndinkafinya pang'onopang'ono.